Mpiru wa pa bwinja la ku Tottenham

Zione ndi Maya, ana inu, kope ili ndagulira inu. Ndikamayankhula mumangoti "yes Gogo, yes Gogo" maso ali pa foni, ndiye ndati ndilembe, m'Chichewa momwe, muvutike nacho monga ndinavutikira ine ndi Chingerezi chanucho. Mawu ena akakukanikani mukafunse mayi anu. Ayi, dikirani, mayi anu musawafunse msanga, muyambe mwafika kumapeto. Zolemba zanga ndi za Sitandade 5, zilembo zina zagona zina zaima, musaseke. Kapena sekani, nkhani yake ndi yoseketsa kale, ngakhale ine nthawi imeneyo sindinaseke.

Chandiyambitsa ndi kanema uja unandionetsa Lamulungu, iwe Zione, wa ntchito yako ya kusukulu. Mzinda uja wa ku Ukraine umene anthu onse anauthawa tsiku limodzi, fakitale ya magetsi a nyukiliya itaphulika. Nyumba zosanja zili chiimire, koma mitengo yatulukira m'mawindo, mizu yang'amba msewu wa phula, mahatchi akutchire akuyenda pakati pa tawuni ngati ndiwo eni ake. Iwe unati, "Gogo, it's so sad." Ine ndinati, "Eee, koma ndiwo zake kumeneko!" Munaseka mpaka Maya anatsamwa ndi juwisi. Munkayesa ndi ukalamba. Si ukalamba ayi. Matenda amenewa ndinali nawo ndili mtsikana, ndipo anatsala pang'ono kukulandani mayi musanabadwe n'komwe.

Kwathu ku Dedza malo otero timawatcha bwinja. Anthu akasamuka pamudzi, kaya maliro achuluka kaya madzi atalikira, madenga amagwa, zipupa zimasungunuka ndi mvula, ndiye pamene panali khola ndi pamene panali dzala pamamera zinthu zimene palibe anabzala. Bonongwe wofika m'chiuno, luni, chisoso, maungu oyanga pa chipupa chakugwa, tiphwetekere ting'onoting'ono tija totsekemera. Mwamuna akadutsa pa bwinja amaima n'kumati apa panali nyumba ya auje, apo tinkavinira. Mkazi akadutsa amaona ndiwo. Mayi anga ankangondiponyera lichero, "Thamanga pa bwinja, dzuwa lapendeka," ndipo sindinabwerepo chimanjamanja. Ndinakula ndikudziwa chinthu chimodzi, kuti pamene anthu achoka nthaka imakoma mtima.

Kuno ndinabwera ndili ndi zaka makumi awiri, ndili woyembekezera, kutsatira agogo anu aamuna, malemu a Kamwendo, amene anabwera kudzaphunzira zojambula mapu. Loweruka ndi Lamulungu ankachapa nsalu kuchipatala. Tinkakhala m'chipinda chimodzi kuno ku Tottenham, m'nyumba ya njerwa zakuda, khitchini ndi bafa tikugawana ndi mabanja ena atatu. Mbaula yathu inali ya palafini, zovala zonse zinkanunkha ngati nyali. Inu lero mumangotsika sitima, kulowa m'shopu ya Mghana, n'kutuluka ndi ufa, therere, chinangwa, ngakhale tinsomba touma. Ine sindinkadziwa kolowera. Tinkavundula ufa wa tirigu wotchedwa semolina, womata m'manja ngati ulimbo, ndiwo yake kabichi. Lolemba kabichi. Lachiwiri kabichi. Lachitatu kabichi wa Lachiwiri. Kabichi wakenso wotuwa ngati wangodzuka kumene pamphasa ya matenda. Ndinkalota nkhwani wotendera, n'kudzuka pilo atanyowa.

Mayi anu, Tamanda, anabadwa kukuzizira koopsa. Pamene mitengo inkayamba kuphuka anali ndi miyezi itatu, wonenepa, masaya ngati mandasi, matewera ake ankadzaza chingwe chonse cha kuseri kwa nyumba. Matewera ansalu, ana inu, ochapa ndi manja, osati anu otayawa. Musaiwale za chingwechi, chibweranso.

Puramu, kangolo koyendetsera mwana, ndinalibe, ndinkamubereka ndi chitenje n'kumayenda, azungu akutembenuka. Ndinkayenda mwamantha. Galu akauwa ndimawoloka msewu, wapolisi akatulukira ndimakhota, munthu akandimwetulira ndimayesa akufuna kundiba mwana. Tsiku lina pothawa galu ndinalowa kanjira ka kuseri kwa njanji, ndipo ndinapeza mpanda wamalata, lata limodzi litakhuthuka misomali. Ndinasuzumira.

Ana inu, bwinja! Pakati pa London! Chifakitale chakale, denga litagwera m'kati, mtengo utamera pamwamba pa chumuni, nkhandwe ikuwothera dzuwa pa chitseko chakugwa, sinathawe n'komwe. Ndiye pansi ponse mpiru, wamaluwa achikasu, ndi china chake chonga bonongwe koma masamba ake aufaufa kunsi. Mtima unagunda ngati ndaona mayi anga. Sindinali chitsiru chenicheni, ndinayamba ndayesa. Ndinathyola tsamba limodzi, kutafuna, kumeza, n'kupita kunyumba kukadikira. Kunacha ndili moyo. Ndinabwerera ndi thumba.

Agogo anu atadya anafunsa kuti zachokera kuti. Ndinawauza zoona, poti ndinali ndisanaphunzire. Anaika mbamu pansi.

"Amake Tamanda, mukufuna azungu azinena kuti anthu a ku Africa akudya udzu? Pampanda paja pali chikwangwani, munachiwerenga?"

"Chinali cha Chingerezi."

"Chimanena kuti osalowa. Akakugwirani atikweza ndege tonse atatu, sukulu yanga ithera pomwepo. Musadzapondekonso."

"Ndamva, bambo."

Koma mbale anaiseteka ndi chala. Ine ndinaona chalacho, sindinamve pakamwapo. Ndinapitiriza kupita, ndipo akafunsa ndinkati ndagula kumsika, amagulitsa mayi wina wa ku Jamaica. Mayi ameneyo ndinamuumba ndekha, ndinamupatsa ndi duku lofiira lomwe.

Tsono linafika Loweruka lina la mvula. Za fakitale yophulika ija ya mu kanema ndinali nditamvako, anthu ankakambirana m'khitchini, koma ndinkati ndi za ku Russia, poti nthawi imeneyo Ukraine tinkangomuti Russia, kutali, nanga ine zindikhudza pati. Ndinaona mvula ndinakondwa, poti mpiru wa mvula umakhala wanthete. Mwana ndinamufunditsa chikhoti cha mvula cha bambo ake, sanalandire ndi dontho limodzi lomwe. Ine ndinanyowa mpaka m'kati, madzi akutsika kumaso ine n'kumanyambita, ndikuimba nyimbo ya kwayala. Ndinathyola matumba awiri. Thumba limodzi ndinatendera ndi chiponde cha m'botolo, poti nsinjiro kunalibe, tinadya Loweruka, tinadya Lamulungu, ine ndinkabwerezanso masana ndili ndekha. Thumba linalo ndinafutsa n'kuyanika pa nyuzipepala pafupi ndi mbaula, kuti ukhale mfutso wa m'nyengo yozizira. Ndinkadziona ngati mkazi wanzeru kuposa onse mu Tottenham.

Lolemba madzulo tonse a m'nyumbamo tinaunjikana pa TV ya eni nyumba, ya zithunzi zakuda ndi zoyera. Anaonetsa mapu, ndi chinthu chonga mtambo chikukwawa kuchokera kum'mawa. Anaonetsa amuna ovala zoyera mpaka kumaso, akuyendetsa kandodo pamwamba pa masamba a ndiwo, kandodoko kakulira tete-tete-tete. Anaonetsa ng'ombe. Anaonetsa mkaka akuutaya pansi. Chingerezi chawo chothamangacho sindinkachimva, koma zithunzi sizifuna Sitandade 8. Titabwerera m'chipinda ndinafunsa ngati munthu wongofuna kudziwa.

"Kodi akuti chiyani?"

Agogo anu ankakonda kufotokoza, akanakhala mphunzitsi. Anati, "Utsi wa fakitale yophulika ija ndi poizoni wosaoneka, wosanunkha. Wayenda ndi mphepo, tsopano ukugwa ndi mvula. Mvula ikagwera pa masamba, poizoni amakhala pamenepo. Ng'ombe ikadya masambawo, poizoni amatsikira mumkaka. Mwana akamwa mkakawo, ndiye zimamulowa. Akuti ana aang'ono ndiwo ali pangozi kwambiri."

"Mvula yake iti?"

"Imeneyi ya masiku anoyi. Mwamwayi ife sitimwa madzi a mvula. Taikani madzi a tiyi, ndili ndi mayeso Lachisanu."

Ndinapita kukhitchini, ndinaika ketulo, ndinagwira khoma. Masamu ndinalephera kusukulu koma awa ndinawakhoza nthawi yomweyo. Mvula yagwera masamba. Ng'ombe yadya masamba. Mkaka wa ng'ombe waonongeka. Ine ndadya masamba, mbale zinayi. Ndiye kuti ng'ombe ija ndine.

Mukufunsa kuti bwanji sindinawauze. Ana inu, simunakhalepo m'dziko la eni, chiphaso chako chili m'thumba la mwamuna, munthu yekhayo womudziwa ndi yemweyo wamunamiza masabata atatu. Ndinkaona ndege. Ndinkaona mayi anga akundilandira pa siteji ya basi, anthu akunong'ona kuti ndi uja anathamangitsidwa ku Ulaya chifukwa cha mpiru. Komanso kwathu ndinaphunzira kuti mkaka wa m'mawere umaonongeka. Mayi akachoka tsiku lonse osayamwitsa amati wasasa, amayamba waufinyira pansi. Mayi akatenga pathupi pena mwana akadali kubere amamuletsa tsiku lomwelo. Ndiye nzeru zanga zinati, mkaka woipa sapatsa mwana, basi. Ndinamanga mawere ndi chitenje mpaka kupuma kunkavuta.

Mkaka wa m'chitini ndinauona m'shopu, koma pachitinipo panali chithunzi cha ng'ombe, ndinathawa. Sindinaganize kuti ng'ombe imeneyo anaikama chaka chatha fakitale isanaphulike. Ndinkamupatsa Tamanda madzi a shuga pa supuni, ndi phala la semolina lamadzimadzi. Mwana wa miyezi itatu! Ankalavula, n'kumafunafuna ndi kukamwa pachifuwa panga, akununkhiza mkaka uli pomwepo kuseri kwa nsalu, n'kulira mpaka kufiira. Ine ndinkalira naye, ndikumuuza kuti ndikukupulumutsa, mwanawe, ndikukupulumutsa. Bambo ake akakhala m'nyumba ndinkamutengera kukhitchini, ndimati asakusokonezeni powerenga. Iwo ankathokoza, amvekere mkazi wanga ndi woganizira ena.

Ndipo china, ndinene poti eni ake anapita. Mpiru uja agogo anu nawonso anadya, mbale ziwiri zodzaza. Ndiye ndinkawayang'anira. M'mawa akadzuka ndinkayang'ana pa pilo ngati tsitsi lathothoka. Akamatsuka m'kamwa ndinkaima pakhomo kuti ndione ngati mano onse alipo. Akakhosomola mtima unkaima. Lachitatu anandifunsa, "Kodi mukundiyang'ana chotere bwanji?" Ndinati, "Mwakongola." Anakondwa, anapita kusukulu akuimba mluzu.

Mfutso uja ndinauika m'chikwama cha pilo n'kuubisa kunsi kwa bedi. Kutaya m'bini ndinaopa kuti upha anthu otola zinyalala, n'kudzafufuza nyumba yake. Kutaya m'chimbudzi ndinaopa kuti upita mumtsinje wa Thames, n'kupha nsomba za Mfumukazi. Musaseke, ndinaganizadi zimenezi.

Lachiwiri Tamanda analira tsiku lonse. Lachitatu analira pang'ono. Lachinayi analeka kulira, ndipo ine, chitsiru ine, ndinati wazolowera.

Pamwamba pathu pankakhala amayi Daka, nesi wa ku Zambia, kwawo ku Katete, mzimayi wamkulu msinkhu wa mayi anga, wamanja ngati a mwamuna. Ndinkawaopa chifukwa ankayankhula ngati akukalipa ngakhale pokupatsa moni. Zenera lawo linkayang'ana kuseri, kumene kunali chingwe chija. Lachinayi cha m'ma teni m'mawa ndinamva chitseko, gu gu gu.

"Iwe amake Tamanda, segula, nine."

Ndinaima kuseri kwa chitseko.

"Nikumvela upuma. Segula."

Ndinatsegula pang'ono, iwo anakankha chonse.

"Matewela yali kuti? Masiku yonse chingwe chimazula, ine nilibe poyanika yunifomu. Dzulo yatatu. Lelo limozi. Mwana analeka kukodza?"

Sanadikire yankho. Anapita pabedi, anamunyamula, anamutsina pamimba, khungu linatsala litaima. Kenako anaika chikhatho pamwamba pa mutu. Ana inu, khanda limakhala ndi malo ofewa pamutu, timati liwombo, ukayang'anitsitsa pamagunda. La Tamanda linali litalowa m'kati ngati kambale. Ine ndinali ndisanalione, ndinkamuveka chipewa usana ndi usiku kuopa mpweya wa ku Russia.

"Mwana uyu anayamwa liti?"

"Lolemba."

"Lolemba!" Anandiyang'ana pachifuwa, bulauzi inali itanyowa mbali zonse ziwiri. "Mkaka ulipo, utayika chabe. Uli na mimba? Watumbiza?"

"Ayi, amayi."

"Manje nichani? Kamba! Ningakumenye, ine sinisewela na bana."

Ndinagwada, ndinakoka chikwama cha pilo kunsi kwa bedi, ndinanena zonse mosapuma, galu, lata, nkhandwe, mpiru, mvula, kandodo ka tete-tete, ng'ombe, mayi wa ku Jamaica wa duku lofiira. Amayi Daka anatsegula chikwamacho, ananunkhiza, anatseka maso kanthawi, ndikhulupirira kuti nawonso anakumbuka kwawo. Kenako anati, "Mulungu wanga. Masula chitenje, umuyamwitse manje manje."

"Ndimupha, amayi."

"Umupaya kale. Masula."

"Sindingathe."

Ndinali wamantha koma ndinali ndi liuma, zinthu ziwirizi zikakumana mwa munthu mmodzi palibe chabwino. Amayi Daka anaona kuti akutaya nthawi. Anamukulunga mwana m'shawelo, anatsika masitepe, ine pambuyo ndi chikwama changa cha mfutso. Anati chisiye, ndinati ayi, akachiyeze. M'basi ndinakhala nditachikweza m'mwamba kuti chisakhudze munthu, kondakitala akundiyang'ana. Amayi Daka ankanyowetsa chala ndi madzi a m'botolo n'kumapaka pa milomo ya mwana.

Kuchipatala sitinakhale pamzere, iwo ankadziwa zitseko. Dokotala anali mzimayi wa Chimwenye, wamng'ono thupi, wa magalasi. Anamuyeza Tamanda, anamvetsera nkhani yanga kudzera mwa amayi Daka, ndipo ndinaona akuluma mlomo. Anayankhula modekha, amayi Daka akumasulira mokalipa.

"Akuti mvula yoipa inagwa maningi kumapili kutali uko, kwamene kuli nkhosa. Kuno yafika ing'ono chabe. Akuti mkaka wako uli bwino. Akuti chamene chivuta mwana ni ludzu na njala, osati Russia. Akuti ngati sayamwa manje azamulasa nyeleti pamutu, bamuike dilipi."

Ndinati, "Auzeni abweretse kandodo kaja."

"Kandodo ka chani?"

"Kolira tete-tete. Andiyeze pachifuwa. Kakapanda kulira ndimuyamwitsa."

Anamasulira. Dokotala anati kandodo kotero alibe, kuno ndi kwa ana. Anafotokozanso kachiwiri, anajambula ndi papepala pomwe, mapiri uku London uku. M'mutu mwanga ndinkati, uyu sanadye mpiru, akunena za m'buku. Mwana ali gone pa tebulo, maso atatseka theka, milomo itauma, ine mayi wake ndikukangana za kandodo.

Amayi Daka anausa moyo. Anatenga kakapu kakang'ono komwera mankhwala, anakoka katani, anamasula chitenje chija okha. Mawere anali ngati miyala, otentha. "Finya apa." Ndinafinya ndikulira ndi ululu, kakapu kanafika theka. Ndinkayesa akupita nako kokayeza. Anandiyang'ana m'maso, anakweza kakapu, anamwa konse.

Dokotala anatsegula pakamwa. Ine ndinafuula, "Amayi!"

"Namwa. Ona." Anatembenuza kakapu, anagwira m'chiuno. "Niyang'ane bwino, ndiwe kaswili woyang'ana bantu. Nafa?"

Kwathu, ana inu, munthu akakupatsa thobwa amayamba wamwako yekha pamaso pako, kuti udziwe kuti mulibe kanthu. Ndinaona zimenezi kuyambira ndili wamng'ono, kwa amayi Daka ku Katete ankachitanso chimodzimodzi. Mapu a dokotala sanandilowe, koma ichi ndinachimva ndi thupi lonse. Munthu wandimwera. Iwe Zione ndikudziwa zimene ukuganiza, kuti poizoni wa mtundu umenewo sagwetsa munthu pomwepo, amatenga zaka, ndiye kulawa sikutsimikiza kanthu. Ukunena zoona. Amayi Daka ankadziwa zimenezo kuposa iwe. Koma ankadziwanso mutu umene ankalimbana nawo.

Ndinawayang'ana maso, ndinawayang'ana milomo, ndinayang'ana ngati mawondo akunjenjemera.

"Nafa?"

"Simunafe."

"Manje tenga mwana."

Poyamba sanagwire. Bere linali lolimba kwambiri ndipo iye analibe mphamvu, ankangotsegula kukamwa n'kusiya. Pamenepo ndiye mantha enieni anandifikira, osati a pa TV aja, ndinati ndachedwa, ndamupha ndi manja anga ndikumuteteza ku ng'ombe. Amayi Daka anafinyira timadontho pa lilime lake, limodzi, lina, linanso, akumusisita kukhosi ndi chala, akumuyankhula motsitsa, mawu amene sindinkadziwa kuti ali nawo. "Bwela, mami. Bwela, usakwiye, amai bako ni mbuzi chabe." Kenako ndinamva kukoka. Kunandipweteka mpaka kumsana. Ndiye kaphokoso kaja ka pakhosi, kwiti, kwiti, kwiti. Kwayala ndaimba zaka makumi anayi koma nyimbo yoposa imeneyo sindinaimvepo.

Anatigoneka masiku awiri. M'mawa mwake thewera linanyowa, ndinalinyamula m'mwamba kuonetsa wodi yonse, azimayi achizungu anaomba m'manja osadziwa kuti akuombera chiyani. Ndinaika chikhatho pamutu pake, liwombo linali litakwera, likugunda bwinobwino.

Agogo anu anabwera Lachinayi lomwelo, mabuku ali m'khwapa, thukuta kamukamu. Amayi Daka anawauza zonse pakhonde, sanasiyeko ndi duku lofiira lomwe. Analowa, anayang'ana mwana nthawi yaitali, anamugwira kaphazi. Ine ndinkadikira za ndege. Anakhala pampando.

"Amake Tamanda, mpiru umenewu inenso ndinadya."

"Munadya, bambo."

"Ndiye masiku onsewa mumandiyang'ana chija, mumadikira kuti ndigwe?"

"Ndimafuna ndione ngati ziyambire inu."

"Osandiuza?"

"Mukanandikalipira."

"Ndiye kukongola kuja?"

Anabisa nkhope m'manja, mapewa akugwedezeka, mpaka lero sindidziwa ngati ankaseka kapena ankalira. Mayeso a Lachisanu analephera, anabwereza chaka chotsatira, ndipo sanandinenepo ngakhale tsiku limodzi. Nkhaniyi sanauze munthu, anapita nayo kumanda.

Mfutso dokotala analamula kuti utayidwe. Sanati chifukwa cha mtambo ayi. Anati pa fakitale yakale pamakhala utoto ndi mafuta m'dothi, komanso agalu a m'dera lonse amakodzera pomwepo. Za agaluzo ndi zimene zinandipweteka. Titatuluka, amayi Daka ananditengera kumsika, misewu iwiri yokha kuchokera pakhomo pathu, anandiimika pa tebulo lina. Bonongwe, ana inu, weniweni, mitolomitolo, amangomutchula dzina lina lakwawo. Wogulitsa anali mayi wa ku Jamaica. Duku lake linali lobiriwira, pokhapo ndi pamene ndinalakwitsa.

Amayi Daka anakhala ndi moyo mpaka anakalamba, anabwerera ku Katete, anamwalira ali ndi zidzukulu za zidzukulu. Chaka chilichonse pa Khirisimasi ankanditumizira khadi, m'munsi ankalemba mawu awiri okha, "Nikali moyo."

Bwinja lija kulibenso. Ndi pamene pali mafulati agalasi aja, mumadutsapo popita kusukulu, pansi pake pali malo ogulitsa khofi. Kuno tchire linasanduka tawuni, uko tawuni inasanduka tchire. Lamulungu mutapita ndinakhala ndikuganiza za kanema uja, makamaka paja anaonetsa chipinda cha ana, timabedi tachitsulo tili pamzere, kamtengo katamera pakati, chidole chili chafufumimba. Unanena kuti anthu aja anawakweza mabasi n'kuwauza kuti atenge zochepa, abwerako pakapita masiku atatu. Munali azimayi m'mabasi amenewo, a zaka zanga, makanda ali pachifuwa, mawere akutuluka mkaka, osadziwa ngati apereke kapena asapereke. Awo mantha awo anali oona, ndipo panalibe wowamwera. Ine ndinangobwereka mantha a eni ake, n'kutsala pang'ono kulipira ndi mwana. Ndinaseka nanu Lamulungu, koma azimayi amenewo ndimawapempherera.

Komabe ndisakunamizeni kuti ndinachira. Ukadzabwera, Zione, udzandiikirenso kanemayo, udzaimitse paja pali chigudumu chachikulu chachikasu chosewererapo ana. Kumanzere, m'munsi mwa masitepe, pali masamba ena ake. Sindikuti ndingathyole. Ndikungofuna kuona bwino.

Tsopano mutha kuwapatsa mayi anu kopeli. Sadziwa kanthu, amangodziwa kuti ali khanda anagonapo m'chipatala chifukwa cha kutentha thupi, bodza limenelo ndi langanso. Mumandiseka kuti aliyense akalowa pakhomo panga ndimamugwira pamwamba pa mutu. Maya amati ndikuononga tsitsi lake, mayi anu amawerama n'kunena kuti ameni, amayesa ndikuwadalitsa. Tamanda mwana wanga, pepa, si dalitso. Zaka zonsezi ndimakhala ndikuona ngati liwombo silinalowenso.